Kafayilo Kamene Sikanabwere ku Ntchito

Lachisanu, mphepo ya ku Domwe ikuluma zala,
Mayi Felizimina alowa m'kashopu kanga
kuseri kwa msika wa Ulongwe,
laputopu ataikulunga m'chitenje ngati khanda la malungo.
Akuti lole ya ku Tete ifika masana
kudzanyamula mbatatesi za bungwe,
koma maina a alimi makumi asanu ndi awiri,
matumba awo, ngongole zawo za feteleza,
zonse zili m'katimu, ndipo chitseko chakana.

Ndiyatsa. Ndidina.
Kabokosi koyera katumphukira pakati
n'kuyankhula Chipwitikizi chouma:
pulogalamu siyamba, fayilo ina sikupezeka.
Ndikopera dzina lake kuseri kwa lisiti,
zilembo zolumana zosatchulika, manambala atatu,
kumchira d, l, l.

"Ndi kachilombo?"
Iyayi, mayi. Wina sanabwere ku ntchito.

Pulogalamu sisenza zonse pamutu pake.
Muli nkhokwe umu ya tizida tobwerekana,
ngati sikelo ija ya pa depoti panu
imene aliyense amakolekapo thumba lake
osafunsa anaigula ndani.
Ikasowa m'mawa umodzi
ndiye mumadziwa kuti msika wonse unkalendewera pa mbedza imodzi.

Akhala chete, akupotokola mphonje ya mpango.
Kenaka, motsitsa mawu:
"Lamulungu inadandaula kuti yadzaza.
Zithunzi za ukwati wa Jasinta sindikanazitaya.
Ndiye ndinasesa zimene sindinkazidziwa maina."

Ndisuzumira m'dzala. Anatentha kale.

Zakewu, mnyamata wanga wophunzira ntchito,
wathamangira kale pa intaneti,
wapeza dzina lomwelo, batani lobiriwira likumukodola.
Ndimugwira dzanja.
Mwana iwe, m'kaundula wa mayiwa muli a Gelevaziyo awiri,
wina anabweza ngongole, wina anathawira ku Zobwe.
Dzina si magazi.
Wotola panjira amabwera ndi nsabwe zake.
Funsa kaye: kafayiloka n'ka banja liti,
kanabadwa chaka chanji,
n'ka makumi atatu ndi ziwiri
kapena makumi asanu ndi limodzi mphambu zinayi?
Nati ya njinga simanga gudumu la thirakitala.
Tikatenge phukusi lonse kwa eni ake amene anakaumba,
kabwere ndi abale ake, kakhale pamalo pake.

Netiweki ikukwawa ngati ngolo m'matope a Febuluwale.
Mayunitsi a magetsi atsala awiri, mita ikuphethira.
Panja wina akutsatsa kabichi,
njinga yamoto ikutsokomola,
ife atatu maso pa kamzere kabuluu
kamene kakukula ngati chikhadabo.

Katha. Ndizimitsa, ndiyatsanso.
Ndidina.

Maina atuluka m'mizere yawo,
Akwilino matumba khumi ndi anayi,
Donatila asanu ndi theka,
onse ali moyo, ngakhale Gelevaziyo wothawa uja.

Ndimayesa aseka. Sanaseke.
Akuyang'ana lisiti lija, dzina losatchulika lija.
"Mwezi watha," akutero, "tinachotsa madala Sitoni,
aja ankakhala pakona ndi singano ndi luzi.
Komiti inati sakuoneka chimene amachita.
Tsopano matumba akumasukira pa lole,
mbatatesi zikugubuduka mpaka ku mphambano."

Ine sindiyankha. Ntchito yanga ndi makina.

Asiya mametikali mazana awiri ndi theka la ndowa,
akulunganso khanda lawo, lapola,
atuluka osalowera ku depoti,
akhotera njira ya kumunsi, ya kwa Sitoni.

Madzulo, Zakewu atapita,
nditsegula nkhokwe ija pa kompyuta yanga.
Maina zikwi, mzere pa mzere,
palibe limene ndinalipatsapo moni.
Nditsitsa pang'onopang'ono ndi chala chozizira,
ndikuwerenga amene ndingathe,
mpaka mita ilira, mdima ulowa.