Sikelo ya Sitavulo

Wabwera ndi kamera ya miyendo itatu,
waiimika pomwe panali khonde la sitolo,
wandikoleka kachingwe pakolala
ngati mbuzi yopita kumsika wa Bangula.
Akuti ndi Katina, mdzukulu wa Sitavulo Mgiriki.
Mphuno ndi yomweyo. Sindinafunse zambiri.

"Yang'anani galasili, madala,"
akutero mnyamata womasulira.
Ndiyang'ane bwanji galasi
pomwe nkhope ya bwana wanga yaima apo,
ikuchucha thukuta la Chiromo,
ikudzikupiza ndi chipewa?

Ndamuonetsa maziko.
Apa mchere, apa palafini,
apa sikelo ya thonje
yomwe ndinaigwira zaka khumi ndi zinayi.
Madzi a Ruo anatenga zitseko,
chiswe chinamaliza zotsala.
Kuseri uko anadzala kamtengo kakwawo,
ankakathirira usiku, kulankhula nako.
Sikanabale ndi kamodzi komwe.
Mbuzi zinkakakonda.

Wafunsa ngati ankavina.
Lamlungu, akatha kuwerenga ndalama,
galamafoni ikukanda ngati nkhuku padzala,
iye manja tambasu, yekhayekha,
akuzungulira ngati kakowa wothyoka phiko,
ife pazenera, kuseka chamumtima.
Ndaimirira kuti ndimuonetse. Bondo lakana.
Mtsikana wagwetsa misozi.
Kamera sinaphethire.

Ndiye ndanena za sikelo ija:
inali ndi kamwala kobisika,
ndipo wokaika ndinali ine.
Womasulira watsokomola, wayang'ana pansi.
Ndati masulira, iwe mdzukulu wa Nyakamera,
agogo ako anasenza thonje kudzaberedwa pano.
Katina wakhala chete
nthawi yosutira ndudu imodzi.
Sanazimitse.

Anatisiyira chiyani?
Buledi wa chitowe pamwamba.
Mawu awiri atatu:
opalasa bwato padoko lathu lino,
akamakuwa sigasiga katundu akachuluka,
sadziwa kuti pakamwa pawo pali Chigiriki.
Anatisiyiranso Anazita wa tsitsi lofewa,
wogulitsa milamba youma ku Makhanga,
amene dzina la bambo ake
silinalembedwe m'buku lililonse.
Ndaloza njira ndi ndodo.
Ndati uwoloke, ukajambule azakhali ako,
koma uyambe wapereka moni, kamera pambuyo.

Dzuwa lapendeka, batire latha.
Akuti adzabwera chaka chamawa
kudzationetsa pansalu yoyera kusukulu,
ndipo kwawo, tsidya la nyanja zamchere,
anthu adzamva chifuwa changa chikulira.
Sitavulo nayenso anati adzabwera,
tsiku lomwe anakwera sitima ya ku Beira
ndi sutikesi imodzi ndi galamafoni.

Ndalowa m'nyumba, ndatsegula chitini cha shuga.
Kamwala kaja ndinakasunga,
sindidziwa chifukwa chake.
Ndamuika m'dzanja.
Wakakweza, wakatsitsa, wakakwezanso,
monga ankachitira agogo ake ndi ndalama yokayikitsa,
kenako wafunsa womasulira
mawu athu otanthauza kulemera.