Masekondi Anayi

Rawiri anafa kasanu ndi kawiri tsiku lija
m'chigwa cha ku Otago,
chisanu chikuluma makutu a pulasitiki
amene anam'mata ndi ulimbo m'bandakucha.
Chinjoka chinali mpira wa tenesi pansonga ya ndodo;
anauopa ndi mtima wonse.

Filimu itatuluka, iye munalibemo.
Lumo la mkonzi silidziwa chisoni.
Anabwerera kukameta nkhosa, osanenapo kanthu.

Tsono yatuluka yaitali, ya maola anayi,
zotayidwa zija atazitola.
Mwana wake Hinewai waimitsa chithunzi:
pakona, kuseri kwa mwendo wa hatchi,
phewa, ndi theka la ndevu.

"Bwezanso," akutero mkuluyo,
tiyi akuzizira m'manja.
Ndipo akugwanso m'matope,
mosamala, monga anamuuzira.