Liwu Logweluka Dzino

Kalata ya bambo yochokera ku Moatize
ikadali m'chitini cha mabisiketi.
Analemba lao, wopanda w,
monga anaphunzirira kwa ansembe ku Lifidzi.
Msuweni wanga Fulujensio, wa sukulu za ku Dedza,
akuti liwulo linagweluka dzino.

Mzere wachitatu umati:
phiri la malasha ndi lao,
sitima ndi yao,
lathu ndi fumbi.

Amayi sanatchulepo dzina la mwamuna wao.
Jekete lao, ankatero, khasu lao.
Munthu mmodzi, woonda ngati bango,
koma m'kamwa mwa amayi
ankachuluka ngati mpingo wa pa Pasaka.

Pamsika wa Ulongwe mbatata ikagwa mtengo
ogula a ku Beira amakweza mapewa:
vuto ndi lao.
Pamenepo eni liwulo ndife,
titakhalira matumba.

Tsiku lina aphunzitsi a Kambalame
anagogoda mapu ndi choko:
Lao ndi anthunso, akutali,
olima mpunga m'mbali mwa mtsinje wonga Zambezi.
Kalasi yonse inafa nacho chiseko.
Ine ndinangoti kukamwa yasa:
kodi kumeneko, munthu akafuna kunena lathu,
amayambira pati?

Chifuwa chitawagonjetsa bambo,
akatekisiti anati tsiku lao lakwana.
Pamtanda ndinalemba ndekha, ndi penti wa njinga.
Fulujensio analoza mpata wa chilembo chosowacho.
Ndinati usiye.
Nawonso ankaseka ndi mpata womwewo.