Khungwa la ku Acklins

Kwathu ku Acklins nthaka ndi mwala wokhawokha,
woyera, wobookabooka ngati dzino lofumbwa,
koma m'mabowomo kasikarila amamera osapempha kanthu,
kachitsamba koonda, masamba ake kunsi ali mbuu,
koti mlendo angakapitirire osakapatsa moni.

Mayi anga, a Zerlene Deleveaux,
ankalawira nyenyezi zisanazime,
chikwanje m'manja, nsapato za malemu bambo kuphazi.
Ankadula nthambi zokula ngati chala chamanthu basi,
chitsa n'kuchisiya, ati chili ndi ngongole ya chaka china.
Mitolo tinkaiviika m'chithaphwi cha pathanthwe usiku wonse,
kukacha n'kuyamba kumenya,
pha! pha! pha!
mpaka khungwa lisupuke, lidzipinde lokha ngati ndudu.
Ine ndinkadzimenya chala kawiri pa tsiku.
Iwo, osayang'ana n'komwe.

Tikaliyanika padzuwa, bwalo lonse linkanunkhira,
mbuzi, zovala za kutchalitchi, tsitsi la mlongo wanga,
ngakhale kope langa la masamu.

Ednol atadwala m'mimba, wosadya masiku atatu,
analiwiritsa m'kachitini, madzi n'kuda bii.
Anamwa akulira, akutukwana kuwawa kwake,
madzulo n'kupempha nsomba.
A Heastie okalamba ankalifwenkhera mu kaliwo wawo,
fodya wotchipa n'kumanunkhira ngati wa bwanamkubwa.
Zinyenyeswa tinkaponya pamakala
udzudzu ukatuluka m'mitengo ya m'dambo la mchere,
utsi wake wofatsa, wonga wa paguwa.

Lotsalalo, m'matumba.
Sikelo ya padoko inali ndi dzimbiri ndi maganizo akeake.
Sitima ya makalata ikabwera, mwina Lachinayi, mwina ayi,
mayi ankawerenga ndalama kawiri, milomo ikugwedera,
n'kufunsa: kodi amakalichita chiyani kutsidyako?
Palibe ankadziwa bwino.
Wina anati mankhwala. Wina anati mafuta onunkhira a akazi olemera.

Lero ndikudziwa, mayi.
Zaka khumi ndi zinayi ndili mu hotela ku Nassau,
tayi pakhosi, kumwetulira kolipidwa pa ola.
Pashelefu pali botolo lofiira lochokera ku Italiya.
Ndikalitsegula, pansi pa shuga, pansi pa lalanje,
mumatuluka inu,
zikhatho zanu zong'aluka, bwalo lathu masana.

Dzulo mlendo wina wopsa ndi dzuwa analawa,
anakwinya nkhope, n'kuseka:
chowawa chokoma chonchi n'chiyani?
Ndinafuna kumuuza za chithaphwi chija,
za nsapato zazikulu, za sikelo yabodza,
za manda anu amene sindinawaone chiikireni mwala.
Ndinangoti: ndi khungwa la kamtengo, bwana.

Tambula imodzi yomwe anamwayo
inaposa mtengo wa tsiku lanu lonse.
Atachoka ndinaitenga kukatsuka,
koma ndinayamba ndaima nayo kaye kuseri kwa chitseko,
mphuno m'kati,
madzi a pampopi akungotayika.