Muyezo wa Mwendo Wanga

Mwendo uwu ndi umene unkapalasa makina
pakhonde la sitolo ku Limbe,
zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri,
mayunifolomu a ana a ku Kanjedza, madiresi a pachinkhoswe,
kufikira Lachiwiri lija pa Maselema
pamene minibasi yolimbirana okwera inandipeza
ndili ndi mpukutu wa nsalu kukhwapa.
Nsaluyo inafika tsidya lina. Ine ayi.

Ku Gulupu, m'wodi ya mafupa,
mwendo uli m'mwamba, chitsulo chikuukoka,
kunabwera mnyamata wa tayi, nsapato zosongoka,
wodziwa dzina langa ndisanamuuze.
"Bambo Kambalame, pepani kwambiri.
Mungodinda apa, zotsalazo mutisiyire."
Inki anali nayo m'thumba, yotsekula kale.

Ndinati chala chatupa. Linali bodza.
Telala sadula nsalu asanayeze.

Madzulo Ndaziona anabwera ndi tiyi m'botolo,
mwana wa Folomu Thu,
nawerenga Chingerezi chija mopunthwa
ngati wotsika phiri la Soche usiku.
Pepalalo linkati zimene ndilandire ndi zomwezo,
sindidzafunsanso, ngakhale mwendo utadzawola,
ndipo ndalama idzadzera m'manja
amene gawo lawo silinalembedwe paliponse.

Nditatuluka, ndodo ziwiri kukhwapa komwe kuja,
ndinakwera masitepe a ofesi yothandiza pa malamulo.
Mayi Nyirongo sanandilonjeze kanthu.
Anangoti, "Pepala lililonse alimasulire kaye m'chilankhulo chanu,
ndipo kope lake muzipita nalo kwanu.
Mtengo akautchula, kukana si mwano.
Loya naye mufunseni adya zingati asanayambe.
Koma musagone nazo, bambo,
nthawi yodandaula ili ndi malire,
ikatha, chitseko sichimva kugogoda."

Lipoti la apolisi ndinalilondola maulendo anayi.
Nditaliona, munali mawu a kondakitala okhaokha:
ndinadumpha msewu osayang'ana, akutero.
Ine wolowetsa ulusi pa singano madzulo popanda magalasi!
Ndinapempha kuti anga alembedwenso.
Wapolisi anapumira m'mwamba, nasolola cholembera.
Ndinatchula Abiti Sumani wogulitsa chimanga chootcha,
amene anatola sizasi yanga m'ngalande
naisunga miyezi itatu pansi pa mbaula.
Iye anaona zonse, ndi nambala yomwe.

Ku khoti ku Chichiri benchi ndi louma.
Ulendo woyamba fayilo inasowa.
Wachiwiri loya wa inshuwalansi anali ku Lilongwe.
Wachitatu sindikumbuka chifukwa chake,
ndikumbuka za thiransipoti,
ndi lendi ya ku Zingwangwa imene siidziwa zoimitsa mlandu.
Mnyamata wa tayi ndinamuona pakhonde
akutsogolera mayi wina wa bandeji kumutu.
Ndinakuwa, "Mayi, akuwerengereni kaye!"
Sindidziwa ngati anamva.

Lero anaitana dzina langa lonse,
Lusiyano Kambalame,
womasulira naima pambali panga.
A inshuwalansi anati ndapunduka maperesenti makumi awiri.
Ndinafunsa ngati ndingayankhe. Anati yankhani.
Ndinati tepi yawo sindinaione.
Pepala la dokotala amene anagwira fupa ndi ili,
ndipo makina sapalasidwa ndi maperesenti otsalawo.
Woweruza analemba. Ndinaona dzanja likuyenda,
mawu anga, a pakhonde, akulowa m'buku.
Abiti Sumani anayankhula atafunda mpango wa Lachisanu,
sanawonjezere, sanachotsere.

Chigamulo akuti mwezi wamawa.
Mwina chikwana, mwina chithina m'mapewa.
Mapepala onse ali m'kachikwama
kamene ndinasoka pamanja ndili chigonere,
lililonse ndi kope lake, lililonse ndikudziwa chimene likunena.

Usiku ana akagona ndimavundukula makina
n'kuphunzitsa mwendo wamanzere.
Ndi wouma mutu, umathamanga, umadula ulusi.
Dzulo unasoka mzere umodzi wowongoka.