Kwa Mayi Amene Anayankha M'malo Mwanga

Dzina lako sindilidziwa, mayi mnzanga.
Bwanali akuti linali lalifupi
koma linam'gwa pakamwa ali m'sitima ya pamadzi pobwerera.
Akuti unali wowonda ngati bango la mu Kaombe,
nsalu imodzi yokha, kuchokera kumapazi mpaka kumutu.

Ine ndine make Rajabu, wa kuno ku Kotakota.
Mnyamata unam'peza pakhonde la chipatala cha asilikali uja,
mano akugundana dzuwa lili paliwombo,
ndi wanga.
Anali ndi chipsera pachigongono chakumanzere,
chikwakwa cha atate ake, chaka cha dzombe.
Unachiona?

Analowa Keyala msonkho utatifika pakhosi.
Ndinam'perekeza mpaka palole ya ku Salima,
injini ikutsokomola, ine ndikumanga ndi kumasula
kamfundo ka chigumu ndi usipa.
Ndinamuuza zopanda mutu:
usamasambe usiku, uli ndi chifuwa;
usamabwereke ndalama.
Za zipolopolo sindinatchule. Ndinkaopa kuziitana.

Ndipo sizinabwere.
Anam'tenga ndi malungo,
omwewa, a kuno kwathu,
amene ndinawapirikitsa kasanu ndi utsi wa chanzi
iye asanamere mano.
Kuwoloka nyanja yamchere yonseyo
kukafa ndi nthenda ya pakhomo!

Bwanali akuti kwanu ku Bengali
njala inadutsa nkhondo isanathe kudutsa,
anthu nkumapempha madzi otsanulidwa pa mpunga,
mpungawo osautchula nkomwe.
Akuti unali ndi wako, wamwamuna,
ndipo unam'fotsera wekha.
Unkaima pawaya wa kampu ndi kachitini,
Rajabu nkumakuthiramo theka la phoso lake.
Chimenecho ndachikhulupirira msanga.
Ngakhale agalu a eni ankanenepera pakhomo pathu.

Tsono usiku womaliza,
iwe ukum'ingira ntchentche ndi nsonga ya nsalu,
akuti anaitana: Amama.
Iwe nkuvomera.

Ndinakukwiyira, ndisakubisire.
Miyezi itatu ndinakutukwana potunga madzi,
popeta, ngakhale pamkeka wa swala.
Dzina limenelo ndinaligula ndi masiku awiri a zowawa
m'chikuta chodontha, mvula ya mu Januwale,
iwe nkungolitola ngati bango logwa mumtengo?
Maso amene ndinayamba ine kuwaona akutseguka,
nkuwatseka dzanja lachilendo?

Koma mkwiyo umafuna nkhope,
ndipo yako ndinalibe.
Ndinali ndi kamfundo kokha, kamene unam'patsa Bwanali:
mpunga wosapuntha, wosadzaza ndi chikhatho chomwe.
Ndinauyang'ana nthawi yaitali ndisanamve.
Mkazi wanjala anasunga mbewu osaidya,
kenaka nkuipereka kwa munthu amene sadzamuona.

Ndinaufesa pakona, kutali ndi faya wathu.
Chaka choyamba unangonyada, masamba okhaokha.
Chachiwiri unabereka, wofiirira, wa ngala zazitali
zowerama ngati munthu wolowa m'nyumba ya eni.
Anzanga akuti sununkhira.
Sindinawafunse.

Aboma anatumiza mendulo ndi kalata.
Kalatayo anandiwerengera mwalimu, inalibe Rajabu m'kati,
munali nambala ndi mfumu ya kutali yothokoza.
Menduloyo ndinaimangirira pachingwe pamodzi ndi zitini,
imaphethira bwino padzuwa,
mpheta zimaiopa.

Ndakalamba tsopano, maondo sakufunanso matope.
Koma ndikalowa pakona paja m'mawa, madzi akadali ozizira,
ndimalankhula nawe.
Ndimakufunsa ngati anavutika,
ngati manda ake samira m'dzinja,
ngati mutu anaulozetsa koyenera.
Ndipo pali funso lina, lochedwa, landichititsa manyazi zaka zonsezi:

wako uja, dzina lake anali ndani?
Ndiuze, ndizimuitana kuno pokolola.
Mwina angavomere.