Chilembo Chovala Chipewa

Jenoveva analitola mu novela ya usiku,
ija amaonera kwa a Kandido, komwe kuli sola,
mimba ili pa miyezi isanu ndi iwiri.
Anafika nalo kunyumba ngati chikuni chotola m'njira:
Yamuru.
Ndinati, likutanthauzanji?
Anati, kukoma kwakeko sukukumva?

Koma kwathu dzina ndi katundu wa pamutu.
Mlongo wanga anamutcha Ndaziona
ndipo waziona ndithu.
Sindisenzetsa mwana thumba lomwe sindinalimasule.

Anabadwa mu Okutobala pa chipatala cha Ulongwe,
fumbi likulowa ndi m'mano momwe.

Mlamu wanga, wopikula kachewere,
anati ndi la Chiarabu, mwana wamkazi wa mfumu,
analumbira mpaka kunyambita chala.
Akatekisi anatsegula kalendala ya oyera,
Januwale mpaka Disembala,
nanditsekera bukulo mwaulemu.
Ndinagula mega za metikali makumi awiri,
foni inandipatsa nsapato, hotela,
ndi nkhope za anthu osawadziwa.

Kamnyamata ka a Belarimino, ka ku sekondale,
ndiko kanapeza kalembedwe kake,
kanalemba kuseri kwa lisiti la feteleza:
Yağmur,
g wovala kachipewa kogadama.
Apa akuti mvula, apo akuti dalitso,
pena akuti wowala ngati mwezi.
Zapafoni ndi msika,
aliyense ndi mtengo wake.

Ndinamva kuti okumba mjigo njira ya ku Domwe
ali ndi munthu wa ku Turkey.
Ndinapalasa, tcheni chinaduka kawiri.

Ndinam'peza matope mpaka m'zigongono,
ndevu zotuwa, dzina lake Erkan.
Chipwitikizi chake chotsimphina, changa cha ndodo,
tinakumana pakati.
Anayang'ana lisiti lija, naseka,
naphimba g uja ndi chala chachikulu:
ameneyu salankhula,
ntchito yake n'kukoka mnzake wam'mbuyo.
Yaa-mur.
Kenaka analoza kumwamba kopanda kamtambo,
zala zikutsika pang'onopang'ono
mpaka pa nthaka yomwe ankaiboola.

Mvula.

Nanga Chiarabu? Anapukusa mutu.
Ndi lathu, la makolo,
tsinde lake ndi kugwa kuchokera kumwamba.
Nanga mwana wa mfumu?
Anatulutsa foni yosweka galasi,
kamtsikana kogweluka mano, mwana wa mchemwali wake,
dzina lomwelo.
Bambo wake amayendetsa basi.

Makina analira, anabwerera ku ntchito.
Mamita makumi anayi, madzi anali asanaoneke.

Ku rejisto mayi wa magalasi
anasakasaka g wachipewa pa kompyuta, osam'peza.
Analemba Iamur, nadinda chidindo,
nati wotsatira.

Madzulo ndinauza Jenoveva zonse,
za tcheni, za chala chija, za basi.
Anati, ulendo wonsewo
kukafunsa zomwe ine ndinamva kale ndi khutu?
Koma ndinamuona akutuluka panja,
akuyang'ana cha kumapiri.

Lero ndi pa khumi Novembala.
Mizere tinaunga, mbewu ikadali m'thumba,
usiku kumang'anima kutali, cha ku Dedza, basi.
Ndakhala pakhonde, mwana ali pamiyendo,
ndikuyeseza kukoka a uja monga anandiphunzitsira.

Kenaka kutentha pa ntchafu,
kukuyenderera mpaka m'bondo.

Jenoveva, ndinaitana,
bwera ndi thewera,
kuno yayamba.